Galimoto ikakana kulira, yambani ndi makutu

Sienta yanga inandikanira koyamba m'mawa wina mu June, kukuzizira, ana atavala kale yunifomu pakhomo pathu ku Area 25. Nditapotokola kiyi ndinangomva kuti tche-tche-tche. Ndinakwera kabaza n'kukagula batire latsopano. Pomanga m'pamene mnyamata wa aneba anandigwira dzanja: "Bambo, taonani, waya wake ukungogwedera." Batire lakale linalibe mlandu. Chinkafunika ndi sipanala ya 10 basi.

Kuyambira tsikulo sinditsegula boneti ndisanamvetsere. Zimitsani wailesi, potokolani kiyi, mumve.

Ngati kuli zii, ngakhale timagetsi ta padashibodi osayaka, kapena mukumva ka tche-tche kaja magetsi akuphethira, nkhani ili pa batire. Imbani hutala. Ikalira ngati mbuzi yodwala mwapeza poyambira. Gwirani mawaya awiri a pamitu ya batire muwagwedeze. Sayenera kusuntha ngakhale pang'ono. Mukaona zoyera ngati ufa zitaundana pamenepo, masulani, kuyambira waya wa (-), mutsuke ndi madzi otentha osakaniza ndi soda, yemwe uja timathira m'therere, mupale ndi sandipepa n'kumanganso zolimba. Amene muli ndi mita yoyezera: batire lodzaza limaonetsa mavoti 12.6, likatsika pansi pa 12 ndiye kuti laphwa. Injini ikamalira payenera kuoneka pakati pa 13.5 ndi 14.5. Zikapanda kufika apo, alternator, chipangizo chimene chimatchaja batire injini ikamalira, sikutchaja, ndipo ngakhale mugule batire lina lidzaphwanso pasanathe masiku.

Pojampitsa ndi galimoto ya mnzanu musachite phuma. Waya wofiira pa (+) ya batire lakufa, mbali inayo pa (+) ya lamoyo. Wakuda pa (-) ya lamoyo, ndipo nsonga yotsala muigwiritse pachitsulo cha injini ya galimoto yakufayo, kutaliko ndi batire, chifukwa batire limatulutsa mpweya woti ukakumana ndi moto wothetheka ukhoza kuphulika. Mukasemphanitsa mawaya mupsereza mafyuzi, mwinanso kompyuta ya galimoto, ndipo mtengo wake mukaumva kwa ogulitsa zipangizo za galimoto ku Malangalanga mudzakhala pansi. Ya manyuwo mutha kuikankha: kiyi pa ON, giya 2, pondani kilatchi, ikathamanga mumasule. Ya otomatiki ayi. Anyamata a pamsewu adzakuuzani kuti "tiyeni tiikankhe bwana", koma mungowatopetsa n'kuwalipira pachabe.

Magetsi onse akuyaka bwino koma kiyi sakuyankha? Onani giya. Otomatiki imalira ili pa P kapena N pokha, ndipo kaswitchi kake kakatopa imakana pa P n'kuvomera pa N. Zodina batani zija zimafuna mupondedi buleki. Zikakanabe, mwina kabatire ka mu rimoti katha. Gunditsani rimotiyo pabatani penipeni mukamadina, nthawi zambiri imalira. Mukamva kugogoda kumodzi kokha kuti kho, magetsi osazima, ganizirani sitata, kamota kamene kamazungulitsa injini poliza. Wina aigogode pang'ono ndi sipanala inu mukupotokola kiyi. Imeneyo ndi njira yokafikira ku galaja, si mankhwala.

Chovuta kwambiri ndi pamene injini ikuzungulira bwinobwino koma osagwira moto. Apa batire lisiyeni, komanso musapotokole kiyi kupitirira masekondi 10 ulendo umodzi, mungalimalize n'kukhala ndi mavuto awiri. Injini ya petulo imafuna mafuta, mpweya ndi moto wa m'mapulagi. Ine ndimayamba ndi mafuta, ndipo geji sindiikhulupirira kwenikweni. Ikani kiyi pa ON osaliza, mutchere khutu chakumpando wakumbuyo: pagalimoto zambiri pampu ya mafuta imalira kuti ziii kwa masekondi awiri kapena atatu. Ikakhala chete, tsegulani kabokosi ka mafyuzi, chivundikiro chake chili ndi chithunzi chosonyeza fyuzi ya pampu. Yakupsa imaoneka kawaya kamkati kataduka. Ikani ya nambala yomweyo, osati kumangapo kawaya ka kopa monga ena amachitira.

Kenako dzifunseni kumene munathira mafuta komaliza. Nthawi ya mizere ya mafuta ija, titagona usiku wonse pafilingi siteshoni osapeza kanthu, ndinagonja n'kugula malita 5 a m'chigubu m'mbali mwa msewu. Mawa lake galimoto inkatsokomola n'kuzima, mkuja inakaniratu. Makaniko wanga wa ku Biwi anakhuthulira pang'ono m'botolo loyera n'kuliimika padzuwa. Pansi panadikha madzi okwana chala chimodzi, petulo ali pamwamba. Tinatsitsa thanki, kutsuka, kusintha fyuluta, tsiku lonse lathunthu.

Mukafika poimbira makaniko, musangoti "yakana". Muuzeni phokoso lomwe mwamva, ngati hutala ikulira, ngati pampu yayankha, komanso ngati kachizindikiro ka kiyi kakuphethira padashibodi. Wanga ndikamuuza zimenezi amadziwiratu choti anyamule, batire kapena makina ake oyezera, asanakwere minibasi ya ku 25.