Mmene mungalondolere mafumu a ku Sigmaringen osasokonezeka ndi a Karl

Tsiku loyamba kulowa m'nyumba yachifumu ya ku Sigmaringen ndinatulukamo mutu utaima. Wotionetsa malo ankangoti Karl analandira ichi, Karl anatula pansi udindo, Karl anapita ku Romania, ine n'kumadabwa kuti Karl ameneyu anakhala ndi moyo zaka zingati. Madzulo ake ndinakakhala pabenchi m'mbali mwa mtsinje wa Donau, pepala pabondo, pensulo m'manja, n'kuyamba kuwalekanitsa mmodzimmodzi. Mukadzafuna kuimvetsa tauniyi, kaya mwapitako kaya mukungowerenga, yambani ndi pepala ngati limeneli.

Sigmaringen ili kumwera chakumadzulo kwa Germany, m'chigawo cha Baden-Württemberg, ndipo anthu ake sakwana 20,000. Nyumba yachifumuyo inakhazikika pathanthwe lalitali, mtsinje ukudutsa m'munsi mwake.

Pamwamba pa pepala lanu jambulani mizere iwiri yochokera pamalo amodzi. Banja la Hohenzollern linagawikana kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1200. Nthambi ina inalowera kumpoto, inalamulira Brandenburg ndi Prussia, inatsata Chipulotesitanti, ndipo ndi imene inabala mafumu aakulu a Germany mpaka 1918. Ina inatsalira kumwera kuno, m'dera la Schwaben, n'kukhalabe Yachikatolika. A ku Sigmaringen ndi a nthambi yachiwiriyi. Mukaphonya apa mudzakhalira kufunafuna Kaiser Wilhelm, mfumu yaikulu ya Germany, m'nyumba imene sinali yake.

Tsono musavutike ndi kuloweza mayina. Mfumu iliyonse imene mwakumana nayo ifunseni funso limodzi: dziko ili linafika bwanji m'manja mwanu? Mayankho ake ngowerengeka. Ena analandira cholowa, ena anagula, ena anagwira ngati chikole cha ngongole, ena anabwerekedwa ndi mfumu yaikulu. Mawu achijeremani ofunika kuwadziwa ndi anayi okha. Graf ndi mwini dera laling'ono. Fürst ndi kalonga, waudindo woposa Graf. Pfand ndi chikole. Lehen ndi dziko limene wamkulu wakupatsa kuti uzilamulira koma iye akadali mwini wake.

Yesani funsolo pa zaka zoyambirira, muona kuti zikuyenda msanga. Linga la pathanthwe lija likutchulidwa koyamba pa nkhani ya chaka cha 1077, pamene Rudolf von Rheinfelden, yemwe ankalimbirana ufumu ndi Heinrich IV, analizinga koma analephera kulilanda. Mu 1290 a Habsburg, banja lolamulira Austria, anagula malowa kwa banja la Montfort. Mu 1325 anawapereka chikole kwa a Württemberg, ndipo mu 1399 anafika kwa a Werdenberg. Banja la Werdenberg litatha ana aamuna mu 1534, Ferdinand I wa Habsburg anapereka Sigmaringen kwa Graf Karl I wa Hohenzollern mu 1535, ngati Lehen. Ndiye kuti a Hohenzollern ndi obwera mochedwa, ndipo kwa zaka pafupifupi 270 ankalamulira ali pansi pa Austria.

Apa ndiye poyambira a Karl. Ine ndinawapatsa mayina onyazitsa kuti ndisawasokoneze, ndipo ameneyu ndinamulemba kuti Karl Wolandira. Atamwalira mu 1576, dziko linagawidwa kwa ana ake atatu. Eitel Friedrich anatenga Hechingen, Christoph anatenga Haigerloch, ndipo Karl II, Karl Wogawiridwa, anatenga Sigmaringen. Jambulani timizere titatu. Ka Haigerloch mukadule pa 1634, ka Hechingen pa 1869, chifukwa kumeneko mbumba inathera pomwepo. Mwana wa Karl II, Johann, anakwezedwa kukhala Fürst mu 1623, nkhondo ya zaka 30 ili mkati, chifukwa anali munthu wodalirika kumbali ya Akatolika. Nkhondo yomweyo inadzatenthanso mbali ina ya nyumba yake mu 1633.

Akalonga otsatira mungawadumphe, sindikuimbani mlandu. Koma mukafika pa Anton Aloys imani kaye, ndipo dzina loti mulembe ndi zilembo zazikulu si lake, ndi la mkazi wake, Amalie Zephyrine wa ku banja la Salm-Kyrburg. Mayiyu anabadwira ku Paris mu 1760, ndipo atakwatiwa mu 1782 anapeza kuti Sigmaringen ndi kakang'ono zedi, kopanda chomusangalatsa. Mu 1785, patangopita milungu yochepa atabereka mwana wamwamuna, anavala zachimuna n'kuthawira kwa mchimwene wake, khanda n'kulisiya. Pambuyo pake anabwerera ku Paris. Kwa apongozi ake chinali chitonzo chachikulu, koma ndi kuthawa komweko kumene kunadzapulumutsa ufumu wawo.

Ku Paris anapalana ubwenzi ndi Joséphine de Beauharnais. M'nyengo ya chipwirikiti cha ku France, mu 1794, mchimwene wa Amalie ndi mwamuna wa Joséphine anadulidwa mitu, ndipo pamene Joséphine anali m'ndende Amalie ankasamalira ana ake awiri, Eugène ndi Hortense. Joséphine uja anadzakwatiwa ndi Napoleon. Mu 1806, Napoleon akuphwanya timaufumu ting'onoting'ono ta ku Germany n'kumatipereka kwa Baden, Württemberg ndi Bavaria, oyandikana nawo a Fürstenberg, omwe anali ndi dziko lokulirapo, anamezedwa. Hechingen ndi Sigmaringen anatsala, n'kukhala maiko odziimira paokha. Mu 1808 mwana anamusiya ali khanda uja anakwatira Antoinette Murat, wachibale wa Joachim Murat, mlamu wake wa Napoleon. Mwanayo dzina lake, mwalidziwa kale, ndi Karl.

Mukakhala ndi maola awiri apadera pitani ku Inzigkofen, kamudzi koyandikana ndi tauniyi. Amalie atabwerera ku Hohenzollern anakonzetsa kumeneko munda waukulu wopumulirako, ndipo thanthwe loyang'ana mumtsinje limatchedwa Amalienfelsen, dzina lake lili lolembedwa pamwalapo. Anamwalira ku Sigmaringen mu 1841. Ine ndinaima pamenepo nthawi yaitali kuposa m'chipinda chilichonse cha m'nyumba yachifumu.

Karl wachitatuyu ndi Karl Wotula Pansi. Analowa ufumu mu 1831, ndipo anthu ataukira mafumu mu 1848 anasiyira mwana wake Karl Anton. Karl Anton anaona kuti zinthu sizibwereranso mwakale, ndipo pa 7 Disembala 1849 iye ndi mbale wake wa ku Hechingen anasaina pangano lopereka maiko awo kwa mfumu ya Prussia. Pa pepala lanu lumikizani mizere iwiri ija ndi kamzere kamadontho. Kuyambira 1850 Sigmaringen inasanduka likulu la kachigawo ka Prussia kotalikirana ndi Berlin, kozunguliridwa ndi Württemberg ndi Baden.

Cholakwa chimene ndinachita ine, ndipo musachibwereze, ndi kupinda pepala pa 1849 poganiza kuti nkhani yatha. Banjali linatchuka kwambiri litataya dziko. Karl Anton anakhala nduna yaikulu ya Prussia kuyambira 1858 mpaka 1862, ndipo ana ake anamwazikira m'nyumba zachifumu za ku Ulaya. Stephanie anakwatiwa ndi mfumu Pedro V wa ku Portugal mu 1858, n'kumwalira chaka chotsatira. Marie anakwatiwa ku Belgium n'kubala mfumu Albert I. Karl, wachisanu pamndandanda wathu, anasankhidwa kukhala kalonga wa Romania mu 1866, ndipo mu 1881 anavekedwa ufumu monga Carol I. Atamwalira mu 1914 wopanda mwana wamwamuna, ufumu unapita kwa Ferdinand, mwana wa mkulu wake Leopold. Leopold yemweyo ndi amene a ku Spain anafuna kumulonga ufumu mu 1870. France inakana kwamtuwagalu, Leopold anabweza mwendo, koma Bismarck, nduna yaikulu ya Prussia panthawiyo, anakometsera kalata ya ku Ems, yonena za zokambirana za mfumu ya Prussia ndi kazembe wa France, mwakuti mkangano unakula mpaka nkhondo ya France ndi Prussia inabuka chaka chomwecho.

Pepala likadzaza, tsopano yendani. Imani kaye kutsidya la mtsinje kuti muone nyumba yonse pathanthwe pake, koma isakupusitseni. Zambiri zimene zikuoneka zachikale, nsanja zosongoka ndi madenga otsetsereka, zinamangidwa moto wa 1893 utawononga mbali yaikulu, ndipo mmisiri wake anali Emanuel von Seidl wa ku Munich. Zakale zenizeni mukazipeza m'munsi mwa nsanja yaikulu, pomwe pali miyala ikuluikulu yotukukira kunja. Mkati muli chipinda cha zida zankhondo pafupifupi 3,000, ndipo anthu ambiri amathera nthawi kumeneko. Ine ndikuti yang'anani zizindikiro za pamakoma. Chishango chogawidwa panayi, choyera ndi chakuda, ndi cha Zollern. Mphalapala yagolide pamalo ofiira ndi ya Sigmaringen. Mawu achilatini akuti Nihil sine Deo, kutanthauza kuti palibe chotheka popanda Mulungu, ndi a banjali, ndipo Carol anapita nawo ku Romania.

Pafupi pomwepo pali tchalitchi cha St. Johann, chomwe chimasunga kabedi ka ukhanda ka Fidelis woyera, mwana wa tauniyi amene anaphedwa ku Seewis m'dziko la Switzerland mu 1622. Akalonga ambiri anagona kutchalitchi cha Hedingen, kumapeto kwa tauni. Wofuna zikalata zenizeni apite ku Staatsarchiv, m'nyumba yotchedwa Prinzenbau, komwe amasungirako zolemba za boma ndi za banjali.

Pa pepala lanu musiyenso malo a alendo osaitanidwa. Kuyambira Seputembala 1944 mpaka Epulo 1945 boma la Hitler linatulutsa eni nyumba n'kuikamo Philippe Pétain, Pierre Laval ndi otsala ena a boma la Vichy, boma la France logwirizana ndi Hitler, othawa ku France. Maudindo aufumu anali atathetsedwa kale mu 1919, ndipo derali linalowa mu Baden-Württemberg mu 1952, koma nyumbayo ikadali ya banjali. Mutu wa banja kuyambira 2010 ndi Karl Friedrich. Ameneyu sindinamupezere dzina lonyazitsa.

Pobwerera kwerani sitima yopita ku Tübingen ndipo mukhale kudzanja lamanja. Mukatsala pang'ono kufika ku Hechingen mudzaona linga la Hohenzollern pansonga pa phiri, lomangidwanso pakati pa 1850 ndi 1867. Magawo awiri mwa atatu ndi a nthambi ya Prussia, gawo lotsalalo ndi la a ku Sigmaringen.