Kufunafuna makanema akale a Nyasaland ndi kugula chilolezo chake

Wailesi ya kanema inayamba mu 1999 m'Malawi, motero zojambulidwa kale kwambiri zili pa filimu ndipo zambiri zili kunja. Yambani ndi British Pathé, kampani ya ku Britain yosunga makanema akale a nkhani, omwe anaika makanema 85,000 pa YouTube mu 2014, kenako AP Archive, nkhokwe ya makanema ya Associated Press, komwe kuli makanema a nkhani a British Movietone. Za asilikali a King's African Rifles funsani ku Imperial War Museums ku London. Central African Film Unit, nthambi ya boma la atsamunda yojambula makanema, inkajambula kuno kuyambira 1948 mpaka 1963, ndipo makanema ake ambiri ali ku National Archives of Zimbabwe ku Harare.

Mukalemba "Malawi" pofufuza, mupeza zochepa. Olemba makhadi ofotokoza zomwe zili m'makanemawa ankagwiritsa ntchito maina a nthawi ya atsamunda, ndiye lembani Nyasaland. Mangochi ndi Fort Johnston, Nsanje ndi Port Herald, Chitipa ndi Fort Hill, Thyolo ankalemba Cholo, Mulanje Mlanje. Khadilo musalikhulupirire msanga. Chimpukutu chimodzi cha filimu chimatha kusakaniza Zomba ndi Lusaka. Imitsani chithunzi, yang'anitsitsani phiri lili kumbuyo, nambala za galimoto ndi zikwangwani za masitolo. Kuonetsa khamu la dziko lina n'kumati ndi Blantyre pa 6 Julaye 1964 n'kunamiza anthu, ndipo agogo amene analipo adzazindikira.

Kachidutswa kalikonse lembani nambala yake, mwini wake, ndi timecode (nambala zosonyeza ola, mphindi ndi sekondi m'kanema) ya poyambira ndi pothera. Pemphani screener, kope lokhala ndi chidindo cha eni ake, mulumikizire filimu yanu ndi limenelo. Kope loyera mugule filimu yanu itakhazikika, chifukwa ambiri amalipiritsa pa sekondi kapena pa mphindi, ndipo zomwe mwadula pambuyo pake sabweza ndalama.

Koma mtengo funsani musanalumikize. Chilolezo chimatchula maiko, zaka, ndi komwe filimu idzaonetsedwe. Cha pa TV ya m'dziko limodzi sichikulolani kuika pa intaneti. Nyimbo yomveka m'kachidutswako nthawi zambiri ili ndi mwini wake wina, ndipo kupezeka pa YouTube sikutanthauza kuti n'zaulere.

Filimu ya mawu inkayenda mafuremu (tizithunzi) 24 pa sekondi pomwe TV yathu imayenda 25. Mukapanda kusintha bwino, chithunzi chimadumphadumpha. Zithunzi zakale ndi za 4:3, kutanthauza muyezo wa m'lifupi poyerekeza ndi kutalika kwake. Musazikoke kuti zidzaze 16:9 ya ma TV otambalala a masiku ano, anthu amaoneka onenepa ngati mitsuko. Siyani mizere yakuda m'mbali.

Wina akakupatsani chitini cha filimu cha kunyumba, chinunkhizeni musanachite china. Fungo la viniga likusonyeza kuti filimu yayamba kuola, ndipo imaononga zinzake, choncho ipatuleni, muisunge pozizira ndi pouma. Musaiike m'pulojekita, imakhala itanyala ndipo mano a makinawo amang'amba timabowo ta m'mbali. Ikakhala ya 35mm m'lifupi, yakale kuposa 1951, mwina ndi ya nitrate, mtundu wa filimu yosachedwa kuyaka, yomwe ikayaka madzi saizimitsa. Imeneyo itanirani akatswiri osunga mafilimu.