Kuzoloweza nkhumba kugwiridwa mapazi kuti muzitha kuidula ziboda

Alimi anzanga a kuno ku Salima, nkhumba yomwe ikutsimphina musamangothamangira kugula jekiseni, yambani mwaiona kumapazi. Phazi la nkhumba lili ndi zala 4, ziwiri zazikulu zopondera ndi tiwiri tating'ono takumbuyo, nde ikamangokhala mkhola lamatope ziboda sizimaperepeseka, zimangotalika mpaka kupindika, makamaka zazikazi zomwe tasunga nthawi yaitali. Yamphongo ikapweteka mapazi akumbuyo imasiyanso kukwera.

Chovuta nchakuti nkhumba sifuna kugwiridwa mwendo, ndipo zoigwetsa anthu anayi ndi chingwe ija ndimakana ine, kutentha kwa kuno kunyanja nkhumba situlutsa thukuta ngati ife, ikalimbana kwambiri masana itha kukuferani mmanja. Komanso siiwala, mawa ikangokuonani ithawira pakona.

Yambani ikadali kamwana ngati nkotheka. Lowani mkhola m'mamawa kusanatenthe, mutenge timadeya tonyowa kapena zidutswa za mbatata, ikamadya muziikanda kuseri kwa khutu, kenako mnthiti, kenako kumimba. Mukafika kumimbako muona yokha ikupinda miyendo nkudzigwetsa cham'mbali maso atatsinzina, apo nde pomwe tikufuna. Masiku oyamba osagwira phazi ayi, ingokandani basi muzipita. Ikazolowera tsitsani dzanja pang'onopang'ono kutsata mwendo, gwirani chiboda kamphindi, siyani, ipatseni kambatata. Ikakoka mwendo osalimbana nayo, bwererani kumimba, ikadzuka zatha za tsikulo. Zina zimagonja msanga zina zimatenga masabata, makamaka zazikulu zomwe zinamenyedwapo.

Kenako izolowereni chida. Inunkhize tupa, muigogode nayo pachiboda pang'ono osapala, mawa lake mupale kawiri katatu. Tsiku lodula musalimbane ndi mapazi onse, limodzi lakwana, ndipo chotsani pang'onopang'ono kunsonga kokha chifukwa mkati mwa chiboda muli mnofu wamoyo, mukalowa kwambiri magazi atuluka ndipo ntchito yonse yoizoloweza ija yapita. Pa ziboda zoyera ngati za nkhumba za mtundu wa Large White mnofuwo umaoneka kufiirira, pa zakuda zachikuda suoneka nde gwiritsani tupa yokha. Dzanja lina kapena mwana azipitiliza kukanda mimba. Yomwe yangobereka kumene isiyeni kaye, imaluma.

Muli pomwepo yang'anani pakati pa zala ndi mmphepete mwa chiboda, mumchenga wathu uno matekenya amalowanso nkhumba. Ming'alu tsukani ndi madzi amchere nkupaka ayodini, khola likhale ndi mbali youma. Koma mukaona matuza kumapazi ndi pamphuno, nkhumba zingapo zikutsimphina nthawi imodzi, siyani zodula itanani alangizi a ziweto msanga. Ndipo tupa ndi chodulira musamabwerekane khola ndi khola, chigodola cha nkhumba chimayenda pa zida ndi nsapato, chilibe mankhwala.