Kulandira mnyamata wochokera mumsewu pamalo osungira ana

Mnyamata amene wakhala miyezi akugona m'makonde a masitolo ku Limbe kapena pafupi ndi msika waukulu ku Lilongwe sazolowera bedi ndi malamulo tsiku limodzi, choncho yambani ndi thupi lake, mafunso abwere pambuyo. Mupatseni madzi ofunda, sopo, zovala zochapa ndi nsima yotentha, ndipo mawa lake mupite naye kuchipatala akamuone mphere, zipere, zilonda ndi malungo.

Pamasabata oyambirira mudzapeza mkute kapena chimanga chokazinga atabisa pansi pa bulangete. Musamulande ndiponso musamutche wakuba, chifukwa mwana amene wakhala akudya lero osadziwa za mawa amasunga chakudya mpaka atatsimikiza kuti phala la m'mawa silidumpha tsiku. Chimene chimathetsa khalidweli ndi kudya panthawi yake tsiku ndi tsiku. Akakodza pogona, mudzutseni m'bandakucha kuti muyanike zofundazo kuseri anzake asanaone, pakuti mnyamata amapirira njala koma sapirira kusekedwa, ndipo akhoza kuthawa usiku wotsatira.

Mupatseninso ntchito yakeyake, monga kuthirira mpiru kudimba kapena kudyetsa nkhuku. Anyamatawa ankadzipezera okha ndalama posenza katundu pamsika ndi kupemphetsa, motero kungokhala osadaliridwa pa chilichonse kumawasowetsa mtendere. Sukulu musaithamangire: wazaka 13 amene sadziwa kuwerenga amachita manyazi kukhala pakati pa tiana ta Sitandade 2, ndiye ndi bwino ayambe waphunzira zilembo pamalo pomwepo.

Dziwitsani msanga ofesi yoona za chisamaliro cha anthu ya m'boma lanu, popeza lamulo la 2010 loteteza ndi kusamalira ana limaika nkhani zotere m'manja mwa boma, ndipo mnyamatayo akaulula za nkhanza imbani nambala yaulere ya 116. Akayamba kutchula yekha dzina la mudzi kapena la amalume ake, lembani mwakachetechete osamupanikiza. Wogwira ntchito yachisamaliro apite kumudziko kaye yekha, akakambirane ndi abale ndi anyakwawa, akaonenso ngati chimene chinamuthawitsa chidakalipo, ndipo mnyamatayo akacheze kwa masiku awiri kapena atatu n'kubwerako asanapite kukakhazikika.