Momwe mungasewerere magemu a Game Boy pa PSP yanu yakale ija

Ngati muli ndi PSP (PlayStation Portable, kamakina ka magemu ka m'manja ka Sony) imene yangogona mu dirowa chifukwa ma UMD ake, timadisiki ta magemu tija, anakalika kapena ana anawasokoneza, musathamangire kukaigulitsa motchipa kumsika. Kamakina kameneka kamatha kuyendetsa magemu a Game Boy onse, ija yoyamba ya 1989 ya sikirini yobiriwira, Game Boy Color ya 1998 komanso Game Boy Advance ya 2001, ndipo kunena zoona imakoma kuposa pafoni chifukwa mabatani ake ndi enieni, osati kumangosisita galasi ndi chala uku foni ikutentha, mauthenga a pa WhatsApp akulowa pakati pa mpikisano wa Mario Kart.

Zofunika si zambiri. PSP yeniyeniyo, tchaja yake, chingwe cha mini USB, ndikuti mini osati micro ya mafoni ija, sizilowerana, kompyuta kapena laputopu yobwereka kwa ola limodzi, ndi khadi losungirapo zinthu. Za khadi tikambirana bwinobwino pansipa chifukwa ndi pamene pagona nkhani.

Yambani mwadziwa PSP imene muli nayo

Tsegulani pokhala batire muwerenge nambala. PSP-1000 ndi yonenepa ija yoyambirira, inatuluka ku Japan mu 2004, ili ndi RAM ya 32MB basi. PSP-2000 ya 2007 ndi PSP-3000 ya 2008 ndi zopepuka ndipo zili ndi 64MB. Palinso PSP Go ya 2009 yotsetsereka ija, imene ili ndi 16GB mkati mwake ndipo siilandira Memory Stick wamba kapena chingwe cha mini USB chija, ndi E1000 ya 2011 yopanda WiFi. Zonsezi zimatheka, kungoti 1000 imajejema pa magemu akuluakulu a Advance.

Mwatsegula kale kumbuyoko, yang'anani batire. Ikakhala yotupa, chivindikiro chikuchita kukankhidwa, ichotseni lero lomwe, musaitchajenso. Mabatire atsopano mungawafunse m'mashopu a zamafoni ndi kwa anthu obwera ndi katundu kuchokera ku Joni, koma musatengeke ndi manambala olembedwa pamwamba. Batire yeniyeni ya Sony ya 1000 inali 1800mAh, ya 2000 ndi 3000 inali 1200mAh, ndiye wina akakuonetsani ka batire kakukula chimodzimodzi kolembedwa 3600mAh n'kumati ndi chifukwa chake mtengo wakwera, mungoseka n'kumupempha atsitse. Imagwira ntchito inde, koma siifika pamene alembapo.

Kenako yatsani, pitani pa Settings, System Settings, System Information. Mukaona mawu ngati PRO, ME, LME, ARK kapena M33 pafupi ndi nambala ya firmware, pulogalamu yaikulu yoyendetsa PSP yonse, ndiye kuti mwini wake wakale anaithyola kale, kutanthauza kuti anaimasula kuti izilola mapulogalamu osakhala a Sony, dumphani gawo la kuthyolalo. Ma PSP ambiri a kaunjika amabwera chonchi.

Khadi, amangwetu, khadi

PSP imadya Memory Stick Pro Duo, khadi la Sony lomwe masiku ano kulipeza lenileni n'kovuta ndipo likapezeka ndi lodula komanso laling'ono. Njira yachidule imene aliyense amagwiritsa ntchito ndi ka adaputa kooneka ngati Memory Stick koma kolowetsamo microSD ya pafoni. Kamatchipa. Tengani ka khomo limodzi, tija tolowa makhadi awiri tachinyengo tachuluka ndipo pulasitiki yake imasweka mkati mwa PSP momwemo. Mukaona PSP ikulemba kuti MagicGate siikudziwika musadandaule, za Game Boy sizifuna zimenezo.

Vuto ndi microSD yoikamoyo. Ine ndinagula yanga pa kabenchi kena mtauni, yomata bwinobwino m'pepala lake, dzina la kampani yodziwika, yolembedwa 64GB, mtengo wake wochititsa kaso moti ndinachita kuthokoza. Pa kompyuta inaonetsa malo onse aja. Ndinaikamo zonse, magemu ankatseguka, ndinasewera Pokémon Emerald mpaka kutolera mabaji angapo, kenako tsiku lina nditawonjezeramo nyimbo ndi mavidiyo ochepa ndinangopeza pa Game palembedwa Corrupted Data, emulator, pulogalamu yoyendetsa magemu a Game Boy pa PSP, osatseguka, sevu yonse itapita. Wogulitsayo nditabwererako anangoti "bwana mwina muli ndi vairasi", nkhani n'kuthera pompo.

Chimene chimachitika n'chakuti makhadi abodzawa amakhala aang'ono, mwina 4GB kapena 8GB, koma ka chip kamkati anakanamiza kuti kazinena 64GB kapena 128GB. Mukamaika zinthu zochepa palibe chimene mungaone. Mukangodutsa malo enieniwo, zatsopanozo zimalembedwa pamwamba pa zakale kapena zimangotayika, koma mayina a mafayilo amaonekabe onse bwinobwino pa mndandanda ngati alipo. N'chifukwa chake anthu amanamizira emulator, ena amanamizira adaputa, ena mpaka kufomata PSP kambirimbiri, chonsecho wolakwa ndi khadi. Ndipo kufomata sikuchiza, khadi labodza likafomatidwa limangobwereranso kunama kuja.

Ndiye musanaikemo kalikonse, liyeseni. Pa Windows pali ka pulogalamu kaulere kotchedwa H2testw, kakang'ono kwambiri, bandulo yanu siimva n'komwe. Kamadzaza khadi lonse ndi mafayilo ake kenako n'kuwawerenga limodzilimodzi kuona ngati abwerera momwe anapitira. Zimatenga nthawi, khadi lalikulu litha kudya ola kapena kuposa, choncho yambitsani laputopu ili ndi moto wokwanira kuopa kuti magetsi angazime pakati. Kakamaliza popanda cholakwika, khadi ndi labwino. Kakalemba kuti zina zatayika, kamakuuzaninso malo enieni amene khadilo lili nawo, jambulani sikiriniyo ndi foni mupite nayo kwa wogulitsa tsiku lomwelo asanakuiwaleni nkhope. Amene ali pa Linux pali F3, ntchito yake ndi yomweyo. Ngati zonsezi palibe, dzazani khadi ndi mavidiyo mpaka pakamwa, lichotseni, libwezeretseni, kenako tsegulani oyamba kuika, apakati ndi omaliza. Labodza limagwidwa pomwepo.

Komanso ndinene, 64GB mukufuna ya chiyani? Tetris ya Game Boy ndi 32KB yokha, chithunzi chimodzi cha pafoni panu chimaiposa kutalitali. Magemu a Advance amayambira cha m'ma 4MB ndipo aakulu kwambiri ndi 32MB. Khadi la 8GB kapena 16GB logulidwa mushopu yopereka lisiti likukwanirani mpaka kutopa nawo magemuwo, ndipo achinyengo sakonda kuvutika ndi makhadi aang'ono chifukwa phindu lake n'lochepa. Kuwonjezera apo PSP imafuna khadi lofomatidwa mwa mtundu wa FAT32, pamene makhadi opitirira 32GB amabwera ali exFAT, ndiye mumangodziwonjezera ntchito.

Likakhoza mayeso, liikeni mu adaputa, lowetsani mu PSP, mulifomate ndi PSP yomweyo pa System Settings, Format Memory Stick. Ikatero imadzipangira yokha mafoda ake, ofunika kwa ife ndi PSP/GAME.

Kuithyola

Firmware yomaliza imene Sony anatulutsa ndi 6.61, mu 2015, ndipo 6.60 nayonso ili bwino. Ngati yanu ili pansi pa pamenepo ikwezeni kaye. Fayilo yake imatchedwa EBOOT.PBP, mumaiika mu PSP/GAME/UPDATE, dzina la foda m'malembo akuluakulu, n'kuiyendetsa kuchokera pa Game, Memory Stick. PSP Go ili ndi fayilo yakeyake, musasakanize. Batire ikhale yodzadza, ikachepera 78 peresenti PSP imakana yokha, ndipo tchaja ikhale yolumikiza. Apa ndi pamene mungaiphe PSP ngati moto wathima ili mkati molemba.

Ikafika pa 6.60 kapena 6.61 pezani pulogalamu yothyolera yotchedwa PRO-C2 yogwirizana ndi nambala yanuyo, ya 6.60 siyenda pa 6.61. Mukamasula zip mupeza mafoda a PROUPDATE ndi FastRecovery, aponyeni mu PSP/GAME. Pa PSP tsegulani PRO Update, dinani X, dikirani masekondi angapo, iyaka yokha. Bwererani pa System Information muone ngati palembedwa PRO-C. Basi, yathyoka. Ndamva anthu akulipiritsa ndalama yogulira thumba la makala pa ntchito imeneyi, eti "kuflasha", chonsecho ndi batani limodzi.

Chimene muyenera kudziwa n'chakuti mukaizimitsiratu kapena batire ikatheratu, imabwerera ku firmware ya Sony ndipo ma emulator amakana kutseguka. Musanjenjemere, tsegulani FastRecovery, zibwerera. Amene zimawatopetsa amaika Infinity 2.0 kuti izidzuka ili yothyoka kale. Achinyamata masiku ano akukonda ARK-4, ndi yatsopano kuposa PRO ndipo ili ndi zambiri, koma pa za Game Boy zokha kusiyana kwake simukuona.

Game Boy Advance

Emulator yake ndi gpSP, anailemba munthu wodzitcha Exophase cha mu 2006, ndipo ena anaipitiriza, mukumana ndi gpSP Kai komanso TempGBA. Iliyonse mwa izi tengani, foda yake yonse ilowe mu PSP/GAME. Mkati mwa fodayo muyenera kukhala fayilo ya BIOS ya Advance, ka pulogalamu kamkati koyatsira Advance yeniyeni, dzina lake likhale gba_bios.bin ndendende, kukula kwake 16KB. Popanda imeneyi gpSP imangoonetsa uthenga n'kukutulutsani. Onetsetsani kuti Windows siinakubisireni mchira wa dzina n'kukhala gba_bios.bin.bin, zimachitika kwambiri.

Za komwe mungapeze BIOS ndi magemuwo sindikupatsani malinki. Mwalamulo ndi katundu wa Nintendo ndi makampani ena, njira yoyera ndi kukopera kuchokera pa makatiriji anu, ndipo palinso magemu aulere amene anthu akupangabe mpaka pano. Chokha ndinene, gemu ya Advance imathera ndi .gba, ya Game Boy .gb, ya Color .gbc. Webusaiti ikakupatsani .exe kapena .apk n'kumati ndi Zelda, tsekani msanga. Ndipo aja ogulitsa "magemu 5000" pa fulashi, theka lake amakhala gemu imodzimodzi m'Chijapani, Chijeremani ndi Chifalansa.

Magemuwo aikeni mu foda ya roms mkati mwa gpSP, omasula kale, makamaka ngati yanu ndi 1000, zip imaichedwetsa. Mukatsegula gemu, batani la katatu lija, triangle, ndi limene limabweretsa menyu. O ndi A, X ndi B, L ndi R zili pamalo pake, mutha kusintha ngati zala zanu zinazolowera kwina.

Mu menyumo zinthu zitatu. Liwiro la CPU liikeni pa 333MHz, ndi pamapeto pa PSP, batire izitha msanga pang'ono koma mawu sadukaduka. Sikirini ya Advance ndi 240 kwa 160 pamene ya PSP ndi 480 kwa 272, ndiye sankhani scaled 3:2, m'mbali mutsala mizere yakuda koma anthu m'gemumo aoneka bwino. Fullscreen 16:9 imawafutukula onse kukhala ojintcha, ena amaikonda, ine ayi. Chachitatu ndi chofunika kuposa zonse, pa zosankha za miscellaneous pali Update backup, isintheni ikhale automatic. Ikakhala pa exit only sevu yanu imalembedwa pa khadi pokhapokha mwatuluka kudzera pa menyu ya gpSP, mukatuluka ndi batani la HOME ngati mmene tonse tinazolowerera pa magemu a PSP, zonse zimene mwasewera zija zapita. Ngakhale mwaika automatic, mukaseva dikirani kamphindi nyali ya khadi iphethire kaye.

Metroid Fusion, Advance Wars, Minish Cap, Mario Kart Super Circuit ndi ma Pokémon amayenda bwino. Zimene sizitheka ndi za chingwe cholumikiza Game Boy ziwiri, ndiye Kadabra wanu, Pokémon wosandulika pokhapokha mwasinthana ndi mnzanu pa chingwe, akhala Kadabra mpaka kalekale, komanso magemu amene katiriji yake inali ndi sensa, ngati WarioWare Twisted yopendeketsa ija ndi Boktai yofuna dzuwa, osataya nawo nthawi. Gemu ikamachedwa ikani frameskip, yodumpha zithunzi zina kuti gemu ithamange, pa automatic.

Game Boy ndi Color

Apa palibe zambiri. MasterBoy, foda yake mu PSP/GAME, magemu mu foda ya roms, BIOS siifunika. Imayendetsanso za Sega Game Gear ndi Master System ngati mbasela. Magemuwa ndi opepuka, 222MHz ikwana ndipo batire imakhalitsa. Sikirini yake inali 160 kwa 144, pafupifupi sikweya, musaikoke kudzaza PSP yonse.

Zina zonse mudzazipeza nokha mu menyu, mitundu, ma save state osevera gemu paliponse pamene mwafika, kuthamangitsa gemu. Kamodzi pakanthawi lumikizani chingwe, mukopere mafayilo a .sav ku kompyuta kapena muwatumize ku foni, ndi tating'ono, ngakhale pa WhatsApp timapita.