Mapepala oyenda nawo pamsewu wa Dedza ndi Ntcheu

Ndimayendetsa Sienta pakati pa Dedza ndi Ntcheu, ndipo amene amatichedwetsa pa rodibuloko kawirikawiri sakhala wolakwa kanthu ayi, amakhala uja wasiya chiphaso chake cha unzika pansi pa sutikesi kunyumba poopa kuti chingatayike. Msewu wathuwu uli ndi zake. Pa Lizulu mbali ina ya tala ndi Malawi, inayo ndi Mozambique. Wa ku Angónia ndi wa kwa Gomani Chichewa chawo n'chimodzi, mifunda yake yomweyo, ena ndi apachibale ndithu, choncho wapolisi sangakusiyanitseni ndi nkhope kapena malankhulidwe. Komanso njira yomweyi ndi imene amadzera anthu a ku Ethiopia ozembera ku South Africa, n'chifukwa chake kuno amasuzumira m'galimoto kwambiri kuposa kwina.

Ngati ndinu Mmalawi, nkhani yanu n'njosavuta. Lamulo la kalembera wa dziko la 2010 limati aliyense amene wakwanitsa zaka 16 alembetse ku NRB, ofesi ya boma yopereka ziphaso za unzika, ndipo pa kalembera wamkulu wa 2017 analembetsa anthu oposa 9 miliyoni. Tengani chiphaso chenichenicho. Ambiri amachita mosemphanitsa, fotokope m'thumba, chenicheni kunyumba. Fotokopeyo ndi imene iyenera kutsala, ndipo mujambulenso chiphasocho mbali zonse ziwiri m'foni, kuti tsiku lomwe chasowa nambala yake ipezeke msanga. Musachiike m'thumba lakumbuyo. Mu Sienta timakhala mothithikana, ndaonapo chiphaso chitathyoka pakati mwini wake akutsika pa Kampepuza. Azimayi amene amachikulunga m'kapulasitiki ka shuga n'kumanga pansonga ya chitenje amachisamala bwino kutiposa ife amawaleti.

China chimene ndimadana nacho ndi chopereka chiphaso ngati chikole. Wakatapila akachisunga, kapena venda akachitenga nyengo ya feteleza wotsika mtengo kuti akagulire m'dzina lanu, mwadzimanga nokha. Kubanki achifuna, polembetsa simukhadi achifuna, polembetsa mavoti chimodzimodzi, inu muli chimanjamanja chifukwa cha ndalama yoti yatha kale.

Chikasowa, yambani kupolisi mukatenge lipoti, kenako ku ofesi ya NRB kwa DC. Pali ndalama yolipira, ndipo lisiti lake musataye. Chiphaso chatsopano sichituluka tsiku lomwelo, ndiye lipotilo ndi lisitilo ndi zimene muziyenda nazo. Mwana wosafika zaka 16 mutengereni chiphaso cha kubadwa kapena chakusukulu, makamaka anyamata otalika msangawa amene amaoneka ngati akuluakulu.

Pamene anthu amasokonezeka kwambiri ndi pa nkhani yowoloka. Kudumpha msewu pa Lizulu kukagula kabichi ndi mbatatesi, zimenezo timachita tsiku ndi tsiku. Koma ulendo wa ku Ulongue kumaliro, kapena wa ku Tete kukaoda katundu, ndi nkhani ina. Chiphaso cha unzika si pasipoti. Dzerani pa boda ya Dedza kapena pa Biriwiri ku Ntcheu. Ngati ulendo ndi wapafupi komanso wa masiku ochepa, a Imigireshoni amapereka bodapasi, ndipo kuti akupatseni afuna aone chiphaso chanu chomwecho. Ngati mukupita kutali, tengani pasipoti. Dinditsani mbali zonse ziwiri, kwathu kuno ndi mbali ya Mozambique (ku Calómuè ngati mwadzera pa Dedza), ndipo musachoke pawindo musanayang'ane chidindocho ndi maso anu. Akabaza akunyengererani kuti pali njira yachidule yodzera m'minda. Ilipodi, koma mukakumana ndi apolisi a kumeneko mulibe chidindo, wakabazayo adzakhala atabwerera kale ndi ndalama yanu.

Tsopano alendo. Abale a ku Mozambique obwera kumsika kapena kuchipatala ayende ndi bilyete yawo, chiphaso cha unzika cha kwawo, ndipo akafuna kupitirira mpaka ku Lilongwe kapena ku Balaka adzere pa boda adinditse. Iwo ndi a ku Zambia safunika viza polowa kuno, koma kusafunika viza si kunena kuti angolowa osalembedwa. Ochokera kutali, monga azungu obwera kudzaona zojambula za m'mapanga a Chongoni, pasipoti ikhale pathupi, osati kuisiya kumalo ogona. Polowa amapatsidwa masiku 30, ndipo wofuna kukhalitsa apite ku Imigireshoni akawonjezere tsiku lolembedwa pachidindo lisanadutse. Inu amene mwalandira mlendo wotere, mufunseni akuonetseni tsikulo, pakuti ambiri amaiwala, ndipo akagwidwa ali m'galimoto mwanu mafunso amakugweraninso. Mlendo wogwira ntchito kapena kuchita bizinesi kuno atenge chilolezo chake, ndipo a NRB amaperekanso chiphaso chapadera kwa alendo okhazikika. Wa ku Dzaleka ku Dowa asanyamuke opanda kalata yomulola kutuluka pamsasa.

Mukafika pa rodibuloko, chiphaso chikhale pafupi, musayambe kumasula thumba la pansi pa katundu wa anzanu. Wapolisi akati, "Tione nawo chiphaso, amayi," perekani ndi manja awiri, yankhani zimene wafunsa basi. Akafunsa mudzi, mfumu ndi T/A, nenani zolembedwa pa kalembera wanu, osati kumene mukuchita lendi panopa. Mawu aja oti "Bwana, kodi simukundidziwa?" sanathandizepo aliyense m'galimoto mwanga. Musayambenso ndinu kutulutsa ya fanta, chifukwa pamenepo mwadzipalira mlandu umene panalibe. Ngati pali chindapusa chenicheni, monga chathu madalaivala laisensi kapena inshuwalansi ikatha, funsani lisiti la boma ndipo muone kuti ndalama yolembedwayo ndi imene mwaperekadi.

Ndipo wapolisi akakubwezerani, onani dzina musanaike m'thumba. Akatolera ziphaso za galimoto yonse pamodzi n'kupatsa wakutsogolo kuti agawe, ziwiri zimasinthana mosavuta, wina n'kukatsika pa Bembeke ndi chiphaso cha munthu wopita ku Tsangano.