Matenda akachulukana mwa munthu mmodzi: malangizo kwa magadiyani ndi mavolontiya a zaumoyo

M'midzi mwathu muli odwala amene simungawatchule ndi dzina la nthenda imodzi. Tiyerekeze mayi a zaka 58 amene akhala akumwa ma ARV kwa zaka zambiri. Kenako anawapeza ndi BP, patapita nthawi shuga, ndipo tsopano mkono ndi mwendo wa mbali imodzi zinafooka chifukwa cha sitiroko. Odwala otere akuchuluka. Ma ARV atalikitsa moyo wa anthu ambiri, zomwe ndi zoyamika, koma anthu omwewo akukalamba ndipo akukumana ndi matenda a ukalamba. Kafukufuku amene Unduna wa Zaumoyo unachita ndi bungwe loona zaumoyo padziko lonse la WHO mu 2009 anapeza kuti pafupifupi munthu wamkulu mmodzi mwa atatu alionse m'dziko muno anali ndi BP yokwera, ndipo ambiri mwa iwo sankadziwa.

Kodi wodwala wofunika chisamaliro chapadera timamudziwa bwanji? Musamangowerenga kuchuluka kwa matenda. Alipo munthu amene ali ndi matenda atatu koma amayenda yekha, amadziwa mankhwala ake onse, chipatala chili pafupi, ndipo kunyumba chakudya chilipo. Ameneyu ali bwino ndithu. Wina ali ndi khunyu yokha, koma amakhala yekha, amaphika pamoto, amakatunga madzi pachitsime chosavindikira, ndipo ya kabaza yopitira kukatenga mankhwala alibe. Wachiwiriyu ndi amene amandidetsa nkhawa kwambiri. Choncho poyang'ana wodwala, funsani ngati ali ndi matenda okhalitsa awiri kapena kuposerapo, ngati amamwa mitundu yambiri ya mankhwala, ngati angathe kusamba, kudya ndi kupita kuchimbudzi popanda womuthandiza, ngati maganizo ake ali m'malo, ndiponso ngati pakhomo pali munthu ndi chakudya. Zinthu ziwiri kapena zitatu mwa izi zikakumana mwa munthu mmodzi, ameneyo alembedwe pamwamba pa kaundula wanu ndipo aziyenderedwa pafupipafupi.

Vuto lalikulu limene odwalawa amakumana nalo ndi loti m'zipatala zambiri nthenda iliyonse ili ndi khomo lake komanso tsiku lake. Ma ARV tsiku lina, BP ndi shuga tsiku lina, TB chipinda china. Dokotala aliyense amaona gawo lake, ndipo pamzere pakakhala anthu ambiri sapeza nthawi yofunsa zimene anzake analemba. Ku Neno, Unduna wa Zaumoyo ndi bungwe la Abwenzi Pa Za Umoyo anayambitsa mu 2015 kliniki imene munthu wa HIV, BP, shuga, khunyu kapena mphumu amaonedwa pamalo amodzi, tsiku limodzi. Njira imeneyo ndi yabwino ndipo ndimalakalaka itafika boma lililonse. Koma kumene sinafike, amene amalumikiza makomo onsewa ndi inu a gadiyani. Ntchito yaikulu ya gadiyani wa wodwala wotere ndi kukhala munthu mmodzi amene akudziwa nkhani yonse.

Yambani ndi buku la kuchipatala. Likhale limodzi. Ambiri ali ndi chizolowezi chogula buku latsopano akapita chipatala china, kapena kubisa limene munalembedwa za ma ARV poopa kuti anthu adziwa. Manyazi amenewo ndimawamvetsa, koma dokotala amene sakudziwa kuti munthu ali pa ma ARV angathe kumupatsa mankhwala amene angamupweteke. Buku likadzaza, latsopanolo lisokereni pamodzi ndi lakale, ndipo muzilisunga m'pepala lapulasitiki kuti lisanyowe.

Kenako mankhwala. Pa ulendo uliwonse wa kuchipatala, tengani mankhwala onse amene wodwala akumwa, muwaike m'jumbo imodzi, ali m'mabotolo ndi m'timapepala take. Ndikati onse ndikutanthauza ngakhale ogula pagolosale, ochokera kwa wachibale wa ku Joni, azitsamba ndiponso a kwa sing'anga. Akhuthuleni patebulo pamaso pa dokotala kapena namwino. Apa mpofunika kufatsa, chifukwa mankhwala amalimbana m'thupi m'njira zimene munthu sangazione ndi maso.

Ma ARV amene anthu ambiri akumwa masiku ano, otchedwa TLD, ali ndi mankhwala atatu mu piritsi limodzi, ndipo amodzi mwa iwo ndi dolutegravir. Munthu wa TLD akayamba mankhwala a TB, rifampicin amene ali m'mankhwala a TB amachepetsa mphamvu ya dolutegravir, n'chifukwa chake achipatala amawonjezera piritsi lina laling'ono la dolutegravir loti azimwa pakatha maola 12. Ngati wodwala wanu ali pa mankhwala a TB ndi TLD koma piritsi lowonjezeralo sanapatsidwe, funsani. Mankhwala ena a khunyu monga phenobarbitone, carbamazepine ndi phenytoin nawonso amafooketsa dolutegravir, choncho a ku kliniki ya ma ARV ayenera kudziwa kuti munthuyo ali ndi khunyu. Dolutegravir yemweyo amachulukitsa mankhwala a shuga otchedwa metformin m'magazi, ndipo dokotala wa shuga angafunike kusintha mlingo wake. Ngakhale mankhwala a chilungulira monga magnesium trisilicate amatchinga ma ARV kuti asalowe bwino m'thupi mukawamwera limodzi. Ma ARV ayambe, a chilungulirawo abwere patatha maola 2.

Chimene chimandipweteka mtima kwambiri ndi mankhwala opha ululu ogula pamsika. Brufen, Indocid ndi diclofenac amagulitsidwa mosavuta, ndipo agogo amene mawondo akuwawa amamwa tsiku ndi tsiku kwa miyezi. Mankhwala amenewa amakweza BP, amakanda m'mimba, ndipo amawononga impso, makamaka kwa munthu amene impso zake zikulimbana kale ndi shuga, BP ndi ma ARV. Impso sizipweteka zikamawonongeka. Mudzazindikira mochedwa, miyendo ndi nkhope zitayamba kutupa. Pa ululu wamba Panado ndi wotetezeka kuposa enawo, ndipo ululu ukapitirira pitani nawo kuchipatala. Pemphaninso kuti wodwala wa shuga kapena BP amene ali pa ma ARV aziyezedwa impso kamodzi pachaka kumene makina ake alipo.

Musasiyitse wodwala mankhwala alionse panokha, ngakhale akuoneka kuti wachira, ngakhale wina atanena kuti wamupempherera. Pemphero lipitirire, mankhwalanso apitirire. BP ikatsika ndiye kuti mankhwala akugwira ntchito, osati nthenda yatha.

Kunyumba, lembani ndondomeko ya mankhwala papepala lalikulu ndi kulimata pakhoma. Ngati pakhomo palibe wodziwa kuwerenga, jambulani dzuwa likutuluka, dzuwa lili paliwombo ndi mwezi, ndipo pansi pa chilichonse mumate kapepala ka mankhwala ake. Wopereka mankhwala akhale mmodzi pa tsiku, kuopa kuti wina apereka m'mawa, wina n'kuperekanso osadziwa.

Pa chakudya sindikuuzani zinthu zogula mtawuni. Nsima ya mgaiwa, nyemba, nandolo, khobwe, masamba monga bonongwe ndi nkhwani, usipa, zonsezi ndi zabwino. Chofunika ndi mlingo: kwa wa shuga mitanda ichepe, ndiwo zamasamba zichuluke, ndipo shuga wa mu tiyi, thobwa lotsekemera, Sobo ndi zakumwa za m'mabotolo azipewe. Mchere wa tsiku lonse usapitirire magalamu 5, yomwe ndi sipuni yaing'ono imodzi, ndipo kumbukirani kuti makyubu okometsera ndiwo ndi soda wothira mu therere nazonso zimakweza BP ngati mchere. Koma wa shuga asamagone ndi njala. Amene amabaya insulini kapena kumwa mapiritsi a shuga otchedwa glibenclamide akadumphitsa chakudya, shuga amatsika kwambiri: amanjenjemera, amatuluka thukuta lozizira, amalankhula zosamveka ngati waledzera. Zikatero, ngati akutha kumeza, mumwetseni msanga madzi osungunuliramo shuga, kenako adye. Ngati wakomoka musamumwetse kapena kumudyetsa kanthu kuti angatsamwe. Mugonekeni chammbali, mupakeni shuga pang'ono m'nkhama, ndipo thamangirani naye kuchipatala. M'miyezi ya Januwale ndi Febuluwale, chakudya chikamavuta, auzeni achipatala kuti pakhomo mukudya kamodzi patsiku. Si chamanyazi, ndipo zimawathandiza kusintha mlingo wa mankhwala.

Wodwala amene sangathe kudzuka yekha ali ndi mdani wina, zilonda zobwera chifukwa chogonera mbali imodzi. Zimayamba ngati kadera kofiirira kapena kodera kuposa khungu lonse pa matako, m'chiuno, pa zidendene kapena pa mapewa, ndipo pa mphasa yolimba sizichedwa kuboola. Mutembenuzeni pa maola 2 alionse masana, ndipo usiku muziyesetsa. Pansi pakhale matiresi kapena zofunda zopinda, pakati pa mawondo pakhale kansalu kofewa. Akadzinyowetsa musinthireni nthawi yomweyo, mupukuteni bwino, mupakeni Vaseline. Mkono ndi mwendo wofookawo muziupinda ndi kuuwongola pang'onopang'ono m'mawa ndi madzulo kuti mfundo zisaume. Podyetsa munthu wa sitiroko, mukhazikeni tsonga, chakudya chikhale chofewa ngati phala lolimbirako, sipuni imodzi imodzi, ndipo asagone msanga akatha kudya. Akamatsokomola nthawi zonse pomeza, dziwani kuti chakudya chikulowera ku mapapo ndipo chingayambitse chibayo. Mapazi a munthu wa shuga muziwayang'ana tsiku lililonse, mpaka pakati pa zala, chifukwa amatha kuponda minga osamva. Asamayende chosavala nsapato ndipo asamawothe moto mapazi ali pafupi.

Pali zizindikiro zimene siziyenera kudikira tsiku la sikelo kapena la kliniki: kamwa kupotoka, kulephera kulankhula kapena dzanzi la mbali imodzi mwadzidzidzi, kupweteka pachifuwa, kubanika, kusokonezeka mutu, kukomoka mobwerezabwereza, kusanza kosalekeza moti mankhwala sakukhazikika, mkodzo kuchepa kwambiri, maso kuchita chikasu, kapena chilonda cha paphazi chimene chayamba kununkha. Konzekeranitu lero, nthenda isanakule, kuti woyendetsa njinga ndi ndani ndipo ndalama ya ulendowo ichokera kuti. Mabanja ena amasunga kangachepe ku banki m'khonde chifukwa cha zimenezi. Mukakayikira, imbani 54747 ku Chipatala Cha Pa Foni, ndi ulere pa Airtel, ndipo mulankhula ndi ogwira ntchito zachipatala.

Matenda ena sachira, koma zimenezo sizitanthauza kuti munthu azibuula usiku wonse. Chisamaliro chochepetsa ululu chilipo m'dziko muno: kliniki ya Tiyanjane ku Queens ku Blantyre, Ndi Moyo ku Salima, St Gabriel's ku Namitete, komanso m'zipatala zambiri za maboma. Morphine wakumwa, amene ndi mankhwala amphamvu opha ululu, akaperekedwa ndi achipatala pa mlingo woyenera safulumizitsa imfa monga ena amaopera. Amadzimbitsa, choncho pemphaninso mankhwala ofewetsa m'mimba. Ndipo wodwalayo muzimufunsa zimene iye akufuna. Kawirikawiri timakambirana za iye ali pomwepo ngati kuti kulibe, chonsecho ndi munthu wamkulu amene analera ana ndi kumanga mudzi. Akayamba kukana chakudya, kusowa tulo, kulira, kapena kunena kuti bola kungofa, musamukalipire. Kuvutika maganizo ndi nthenda nayonso, ili ndi chithandizo, ndipo auzeni achipatala.

Inu achibale, katunduyu asamagwere munthu mmodzi. Nthawi zambiri ndi mwana wamkazi, mpongozi, kapena mdzukulu amene wasiyira sukulu panjira, pamene ena amangobwera Lamlungu kudzazonda. Eni mbumba aitanitse banja, mugawane masiku osamalira, ogwira kumunda ndi operekeza kuchipatala. Amene ali kutali atumize ya mayendedwe pa nthawi yake, osadikira kuti zinthu zivute. Mavolontiya ndi alangizi anzanga, mukafika pakhomo funsaninso gadiyaniyo ngati wagona ndiponso ngati wadya, ndipo banja limene lilibiretu pogwira mulidziwitse kwa amfumu ndi a komiti ya chitukuko kuti liganiziridwe pa Mtukula Pakhomo kapena thandizo la mpingo.

Pa ulendo wotsatira wa kuchipatala, pemphani kalaliki kapena namwino kuti masiku a kliniki zonse agwere tsiku limodzi ngati n'zotheka, ndipo musanatuluke m'chipinda cha dokotala bwerezani mokweza zimene wanena: mankhwala ati asintha, ati asiyidwe, ndi tsiku lobweranso.